Buku limene agogo anu anasungira ukalamba

Masiku amenewo, ku Chitakale kusanadzaze maminibasi ndi njinga zamoto ngati lero, ukamva kuti uje ali ndi mabuku akeake m'nyumba, osakhala a sukulu kapena a tchalitchi, unkadabwa ndithu. Agogo anu aamuna, malemu a Namakhwa, anali nawo atatu. Pitirizani kusenda nandoloyo, ine ndikungofuna makutu okha. Iwe Tadala, wati masamu a Fomu 4 akukupweteketsa mutu ndipo ukufuna kungowataya. Sindikukalipira ayi, koma umve kaye za munthu amene unatengera chipumi chakocho.

Agogo anuwo anali mphunzitsi wa masamu ku sekondale. Akanapita patali ndi sukulu, koma bambo awo anavulala msana ku esiteti ya tiyi, ndipo iwo pokhala oyamba kubadwa anayenera kugwira choko msanga kuti alongo awo adye. Mphunzitsi wawo wina wa ku India, pobwerera kwawo, ndi amene anawasiyira mabukuwo. Sanali mabuku okhozera mayeso. Ankasimba mbiri ya masamu aja amati kalikulasi: anthu amene anawatulukira, pamene anasokera, ndi mmene ankakanganirana.

Ine ndinalekeza Sitandade 6 n'kuyamba kuthyola tiyi, choncho tsiku lina, Esitere mayi anu ali kumsana, ndinawafunsa kuti kalikulasi wakeyo n'chiyani. Ananditengera kumtsinje n'kuponyamo tsamba.

"Amake Esitere, taonani tsambalo," anatero. "Pamwala paja lathamanga, padziwe apa lazengereza. Koma pa kamphindi kano kokha, osati kapitako kapena kakubwerako, likuthamanga bwanji? Anthu anavutika mibadwo ndi mibadwo kuti ayankhe funso limenelo."

Ine ndinaseka, ndinati anthu amenewo analibe minda yoti alime.

Mabuku awiri oyambawo anawawerenga mpaka zikuto kuthothoka, ndipo nkhani zake ankatisimbira tikudya. Kunali Mngerezi ndi Mjeremani, aliyense anatulukira masamuwo payekha kwawo, koma anakalowa m'manda akulozana zala kuti wina anabera mnzake. Ankaisimba ngati ndi amuna a m'mudzi muno olimbirana malire a munda. Lero inu mumangodina foni yankho n'kutuluka, ndipo mumaona ngati masamu anagwa kumwamba ali okonzakonza, koma agogo anu ankati kuseri kwa kachizindikiro kalikonse kuli munthu amene anasowa nako tulo.

Buku lachitatu, lonenepa, lachikuto chobiriwira, sankalikhudza. Analikulunga m'pulasitiki n'kuliika pansi penipeni m'thiranki.

"Ili ndi la anthu amene anabwera pambuyo," ankatero. "Anapeza nyumba yamangidwa kale, anthu akugonamo, koma pansi palibe maziko, ndiye anayamba kukumba maziko nyumba ili chiimire. Limeneli si lowerenga uli ndi makope a ana oti uchonge. Ndidzaliwerenga ndikadzapuma."

Anapumadi, koma matenda a shuga anali atawayamba kale mwakachetechete. Poyamba ankati phiri lachita chifunga, pamene ife tikuliona mbee mpaka pamwamba. Kuchipatala anatiuza kuti misempha ya m'maso yawonongeka ndipo magalasi sathandiza. Titafika pakhomo sanavule ndi jekete lomwe. Anatsegula thiranki, n'kukakhala pansi pa mtengo wa mapeyala uwo, buku lili m'manja. Analifikitsa pamphuno, analitalikitsa, analitembenuzira kudzuwa. Kenaka analitseka n'kuliika pamaondo.

"Amake Esitere, ndachedwa," anatero.

Tsiku limenelo sanadye.

Ana awo a sukulu akale ankabwera kudzawaona, ndipo ambiri ankalonjeza kuti azidzawawerengera. Mmodzi anabweradi masabata angapo, kenaka anamusamutsira kutali. Sindiwada ayi, aliyense ali ndi ana oti adyetse. Koma munthu uja ankangofota pampando, ndiye tsiku lina ndinasamba m'manja, n'kulitenga bukulo ndekha.

"Abambo ake Esitere, tiyambire pati?"

"Inuyo?"

"Pali wina pano?"

Chingerezi changa, ana inu, chinkayenda ngati ngolo pamiyala. Mayina a Afalansa ndi Ajeremani ankandiluma lilime, ndipo ndikafika pa zizindikiro ndinkangoima. Iwo anati ndizingonena chimene ndikuona. Ndiye ndinati, "Pali chikwakwa choimirira, ndipo pamutu pake pali eyiti wogona chammbali." Anaseka mpaka kutsokomola, kuseka kwawo koyamba chichokereni kuchipatala kuja, kenaka anati, "Pitirizani, ndaona." Mawu amenewo ankawanena kawirikawiri. Munthu wosaona, koma ine ndikalongosola tizikwakwa tangato, iwo ankati ndaona.

Tinkayenda pang'onopang'ono. Tsamba limodzi linkatha masana onse, chifukwa ankati imani kaye, n'kumajambula ndi chala pafumbi, milomo ikugwedera. Ine zambiri sindinkazimva, koma ndinkamva pamene munthu wa m'bukumo walakwitsa, chifukwa agogo anu ankapukusa mutu mwachisoni ngati ndi m'bale wawo. Tinawerenga chilimwe chonse makaka a chinangwa ali padzuwa, ndipo mvula yoyamba inatipeza tili cha pakati.

M'dzinja lomwelo anagwa m'mawa akupita kubafa. Mbali yakumanja inafa, ndipo mawu anatsekeka. Ine ndinkati zowerenga zathera pomwepo, koma atatuluka m'chipatala dzanja lawo lamanzere linkangopapasa kulowera kuthiranki. Choncho ndinayambiranso, iwo ali gone pamphasa, ine buku pamiyendo, dzanja lawo lili m'dzanja langa. Ndikalumpha mzere kapena kupotoza liwu, ankandifinya zala. Ndikabwereza bwino, ankamasula. Kucheza kwathu kunatsala komweko. Amayi anzanga a mumpingo ankati ndizingowaimbira nyimbo za Mulungu m'malo mowatopetsa ndi za Azungu. Nyimbozo tinkaimba ndithu, koma iwowo sankadziwa kuti m'zala zija ndi mmene mwamuna wanga anatsala.

Tsiku lina masana, masamba awiri anamatana chifukwa cha chinyezi, ndipo ndinawatembenuza pamodzi osadziwa. Ndinawerenga mizere ingapo ndisanazindikire kuti mawu sakulumikizana. Ndinayang'ana dzanja lija. Linangogona m'dzanja langa, lofunda bwinobwino. Ndinabwerera m'mbuyo n'kulumpha mzere mwadala, kenaka ina iwiri. Ankapuma, maso ali otsegula, koma zala sizinagwedere. Ndinatseka buku n'kutumiza uthenga ku Nkando kuti Esitere abwere ndi ana. Sabata isanathe tinawaika.

Mabuku awiri aja ndinakapereka kusukulu kumene ankaphunzitsa. Lobiriwiralo ndinalephera. Lili m'katimu, ndipo pamene tinalekeza pali kaulusi ka chitenje. Zaka zonsezi sindinalitsegule, chifukwa kuwerenga popanda wokufinya zala kunkandiopsa.

Ana inu, sindikuti nonse mukhale aphunzitsi a masamu. Koma chinthu chimene mtima wanu ukuchifuna musamachikulunge m'pulasitiki kudikira tsiku limene mudzakhale opanda ntchito, pakuti thupili silikuuza tsiku limene lidzayambe kukana. Ndipo iwe Tadala, masamu akakuvuta usadzione ngati mbuli, ngakhale eni akewo ankasokera. Pali china chimene mayi ako sindinawauze: chaka chino ndikayang'ana kuphiriko, nanenso ndayamba kuona chifunga. Mawa ukaweruka ubwere, usadikire holide. Uzidzawerenga iweyo, ine ndizidzagwira dzanja.