Akaidi a M'katoni ya Mabisiketi

Olemekezeka Abusa ndi Amayi Busa, olemekezeka a Tcheyamani a bungwe la Amalawi kuno ku Glasgow a Goodwill Gwanda, amayi a Mvano, manesi athu amene mwazemba ku shifiti kudzadya mandasi, azungu anzathu amene mukungogwedeza mitu osamva kanthu, ana inu amene tikakulonjerani m'Chichewa mumayankha Chizungu chosamveka ngakhale kwa Mngelezi, amayi ndi abambo: ndakuonani nonse.

Ndithokoze komiti pondiitana ine Tadeyo, wolekeza Sitandade 5, kudzatsegulira chionetsero cha sitima yosema iyi muno mu holo ya tchalitchi ku Springburn. Madokotala alipo, koma mwasankha nkhalamba poganiza kuti yopanda mano siluma. Pamenepo munalakwitsa.

Sitimayi dzina lake Isobel Rennie. Yeniyeniyo anaikhoma kalekale pa mtsinje wa Clyde pomwepa, injini inalibe, inkayenda ndi mphepo pa matanga. Poyamba inkanyamula shuga ndi fodya. Malonda atavuta, mwini wake, mkulu wa mpingo wosajomba Lamulungu, anaona kuti munthu naye ndi katundu, ndipo amaposa shuga chifukwa amakwera yekha. Boma linamupatsa akaidi akawatule ku Australia: wakuba nkhuku, wakuba buledi, mayi wotola mpango wa abwana. Miyezi ndi miyezi pansi mumdima, unyolo kumapazi, chimbudzi chili chidebe. Womwalira ankangomuponya m'nyanja, nsomba ndizo zinali adzukulu. Pobwerera ankadzaza ubweya wa nkhosa, ndipo ubweyawo ndiwo ankausamala kuti usanyowe.

Tsono suzumirani m'mimba mwa sitima yathuyi. Muli chiyani? Maluwa apulasitiki pa kansalu ka leisi!

A Isaiah, awo akhala kuchitseko pafupi ndi maambulera, ndiwo anasema sitimayi. Ndi munthu wovuta, ngakhale kwaya inawalephera, koma manja ali nawo. Anasemanso akaidi, aliyense nkhope yakeyake, poti iwonso kudikira amakudziwa: anakhala zaka m'nyumba zazitali za ku Sighthill zija, mapepala okhalira m'dziko muno osatuluka. Dzulo komiti inachotsa akaidiwo n'kuwaponya m'katoni ya mabisiketi kukhitchini. Nditafunsa, a Tcheyamani anati, "Madala, kukabwera alendo zonyansa timabisa. Ndiwo mwambo wathu." Ine ndinati, "A Gwanda, alendo akewo sitimayi ndi yakwawo, zonyansazo ndi zakwawo, ife tikuwabisira chiyani?" Dzina la a Isaiah nalo pa pulogalamu palibe, akuti nkhani yawo ya mapepala ingatichititse manyazi.

Mwambowo ndimaudziwa. Ndili mwana ku Thyolo, kunabwera bwana woyendera masukulu. Ahedi anasankha tonse a makabudula obooka kumbuyo n'kukatibisa m'munda wa chinangwa. Mlendo anayamikira kuti sukuluyi ndi ya ana aukhondo. Ife chinangwa cha ahediwo tinazula mzere wonse, koma mpaka lero ndikamva kuti kwabwera alendo, ndimayamba ndagwira kumbuyo.

Akaidi aja anawachotsa m'dziko muno kuti asaoneke. Ndiye ife, amene tinatsika pa eyapoti ndi chikwama chimodzi mtima uli phaphapha, tiwathamangitsenso kachiwiri, ulendo uno kukhitchini? Sizasi iyi ndaiika m'thumba. Riboni sindidula, mandasi azizire, mpaka katoniyo ibwere. Ine ndilibe shifiti.

Mayi Sabina, mwaimirira? Pitani mukaitenge mayi, musayang'ane a Tcheyamani, atanganidwa ndi kuona nsapato zawo. A Isaiah, bwerani kutsogolo, maambulera sathawa. Zulani maluwawo, komiti igawane. Alowetseni anthu anu mmodzimmodzi. Uyo wa nkhukuyo muikeni pomwe pali kamphepo, wavutika mokwanira.

Eya! Tsopano sitima yasenza katundu wake weniweni. Mwa mphamvu zimene munandipatsa musanandidziwe bwino, ndikulengeza kuti chionetsero cha a Isaiah Tione chatsegulidwa.

Zikomo kwambiri.