Mkono wa Alamu Anga

Abusa, akulu a mpingo, amayi ndi abambo, moni nonse m'dzina la Ambuye. Ndikufuna kuchitira umboni, koma mundipirire, chiyambi chake n'chonyansa.

Ambiri munandidziwa ndili mesenjala wa Boma, chisoti chofiira kumutu, ndodo m'manja. Ndikamadutsa pamsika pa Katete ngakhale agalu ankapatuka. Amayi mukusekanu, si inu munathawa kusiya dengu la mtedza? Ndinali woipa ine, ndipo ndinkanyadira.

Chaka chija anyamata okonza msewu wa ku Sinda ananyanyala ntchito. Mnzawo mwala unamuphwanya mwendo, akapitawo n'kungoti pita kwanu, popanda chipukutamisozi. Ndiye a bungwe la antchito anati mafosholo pansi. Bwana wathu mzungu anatiitana. Akuti lamulo likukana wantchito wa Boma kunyanyala asanapereke chidziwitso, pitani mukawabalalitse.

Tinakwera lole. Tinawapeza atakhala pansi pamsewu, akuimba. Sanatole mwala, abale, atakhala pansi! Ife kutsika n'kuyamba kumenya. Kumenya! Fumbi koboo, magazi pamiyala, wina akulavula mano. Wina anaphimba kumutu ndi mikono, ine ndodo pamkonopo, kachiwiri, kachitatu, mpaka ndinamva fupa kuti phwa. Atatsitsa mkonowo ndinaona nkhope. Anali alamu anga, mlongo wake wa mkazi wanga, eni mbumba.

Mukudziwa inu, ine kwathu n'ku Vubwi, kuno ndine mkamwini. Nyumba ndinamanga pamudzi pawo, munda ndi wawo, ana anga atatu ndi mbumba yawo. Nditafika kumudzi ndinapeza mkeka wanga ndi khasu zili panja. Apongozi anga, amene chikwatirire tinkapatukirana panjira mwaulemu, tsiku limenelo anaima patsogolo panga n'kundiyang'ana m'maso. Anati, "Mwatithyolera mzati. Zipitani. Ana muwasiye, si anu."

Si anu! Mawu amenewo ankandiwawa kuposa chikoti. Ndinakhala ndekha kunyumba za amesenjala, kachasu ndiye anali mkazi wanga. Tsiku lina ndinakumana ndi mwana wanga wachisamba pamsika, ine kumuitana, iye kubisala kumbuyo kwa amayi ogulitsa nzimbe. Ndinalira poyera, chisoti chili kumutu. Usiku kupemphera sindinkatha, ndinkangoti Ambuye, ana anga, ana anga.

Mvula itatha bwana anatitumanso. Akuti kagwireni atsogoleri a bungwe, dzina loyamba pamndandanda linali la alamu anga. Sindidziwa chinandigwira. Ndinaika ndodo pansi, ndinati, "Bwana, sindipita." Anzanga omwe, odya nawo mbale imodzi, anandikokera kuseri kwa ofesi. Ndodo zomwe zija, abale, zomwe zija! Nthiti ziwiri zinathyoka, diso ili mpaka lero limaona utsi. Anandivula chisoti, pachitupa panga n'kulembapo kuti ndine wosamvera, kuti ndisapezenso ntchito kwina kulikonse.

Ndili chigonere kuchipatala, wabwera ndani? Alamu, mkono uli khotakhota. Ine ndinafunda bulangete kumutu. Iwo anati, "Alamu, vundukulani. Lamulo lomwe munatimenyeralo limatinso wantchito wa Boma sachotsedwa asanamumve mlandu wake. Tikulemberani kalata yodandaula ku Boma."

Ndinati, "Ine? Wokuthyolani ine?"

Anati, "Bungwe silifunsa kuti munamenya yani. Nanunso ndinu wantchito."

Analemba ndi dzanja lamanzere, atakanikiza pepala pabondo, chifukwa lamanja ndinaliwononga ine. Zilembo zake ngati mapazi a nkhuku. Ndinaziyang'ana mpaka misozi inanditseka maso.

Musaganize kuti ndinena kuti ntchito inabwerera. Iyayi. Mawu oipa aja pachitupa anawafufuta, basi, ndipo ndodoyo sindiifunanso. Koma tsiku lotuluka kuchipatala alamu anapana mkeka wanga m'khwapa, iwo patsogolo, ine pambuyo, mpaka kumudzi. Apongozi atatuluka, alamu anati, "Amayi, mkono ndi wanga, mbumba ndi yanga. Alowe."

Ana anga ndi awo akhala apowo, onse atatu. Ambuye, zikomo. Alamu, zikomo.

Tsopano tikamaimba mukweze manja nonse. Mukaona alamu akweza limodzi lokha, musadabwe, linalo silikwera, ndine ndinachita. Langa ili, lomwe linagwira ndodo, ndikweza m'malo mwawo mpaka tsiku lomwe mudzandiike m'manda. Kondwerani nane, abale! Amayi, nthungululu ili kuti?