Chitseko cha Bambo ndi Mwezi wa Zungwala

Nthawi ya Chitaganya, pamene Chipata inkatchedwa Fotijemusoni ndipo ife nyama tinkagulira pawindo ngati akuba, bambo anga a Zakeyo ankalemba zikwangwani za masitolo. Pitirizani kuswa mtedzawo adzukulu inu, khutu silifuna manja. Penti yotsala ankabwera nayo kumudzi, ndipo pachitseko cha nyumba yathu anajambulapo mapu a mwezi wotchedwa Zungwala, osati uwu mukuudziwawu, koma wakutali, wozungulira dziko lofiira ngati njerwa yootcha.

Ku Zungwala, ankatero bambo, mvula imatuluka pansi kupita kumwamba, ndiye anthu amafolera pansi, denga n'kulisiya pululu. Mbewa zakumeneko ndi zazikulu ngati abulu, ndipo chilimwe chikafika ndi izo zimasenza makasu kukakumba anthu m'nyumba. Njoka zake ndi zaubweya, zofatsa, amayi amangozikulunga kukhala nkhata. Inu lero mumaona zinyama pafoni, koma palibe foni inandionetsapo mbewa yosenza khasu.

Mbiri yake inalinso pomwepo, cha kumunsi. Kunabwera alendo a makutu atatu amene anamanga mayiko atatu mtolo umodzi, nalamula kuti ngakhale nkhuku iziyenda ndi chitupa. Koma alendowo ankavala akabudula, ndipo mvula yochokera pansi itayamba, anathawa okha miyendo ili tang'a, popanda woponya mwala. Anthu ankaseka kuti a Zakeyo penti yawalowa m'mutu. Wamisala anaona nkhondo, ana inu: sipanapite zaka zambiri, azungu a makabudula akuno nawonso anapakira.

Pachitsekopo panali mzere woyera, wochokera pansi mpaka pa loko. "Yohane, njira ndi imeneyi," anandiuza bambo akudwala. "Ndikafa ndikupita kumeneko. Chitsekochi wina asachikhudze, ndizidzabwera kudzasuzumira ndikasokonezeka."

Tsiku limene anatisiya, amalume anandituma pa njinga ku Mtenguleni kukanena maliro. Masiku amenewo mabokosi sankagulitsidwa pamsewu ngati lero. Munthu akamwalira, chitseko chake ndicho chinkasanduka bokosi. Ine zimenezi ndinkazidziwa, koma chisoni chinandiiwalitsa. Pobwerera ndinamva sowo ikulira ndisanatsike n'komwe panjinga. Woigwira anali mkulu wanga Filimoni, yemwe uyo akuwodzera pampandoyo. Musamudzutse, mlandu suwola.

"Achimwene, mukudula chiyani?"

"Thabwa."

"Imeneyo ndi nyanja ya ku Zungwala!"

"Nyanja ya chiswe? Gwira uku, Yohane, dzuwa likupita."

"Bambo anati wina asachikhudze!"

"Ndiye tiwakulunge m'mabodza awowo? Iwe sukulu unalekera Sitandade Thuu, n'chifukwa chake."

Iye wa Sitandade Sikisi, wodziwa Chingerezi, anadula dziko la bambo ake zidutswa zisanu. Ndinalira ngati mwana, ndevu zili pachibwano. Amalume, pofuna kuti nditonthole, anati penti iyang'ane m'kati kuti malemu aziwerenga ali chigonere. Koma taonani mmene anakhomera Filimoni, mphunzitsi wathuyu: phiri kumapazi, nyanja chadodolido, ndipo mudzi wa mbewa pamutu penipeni pa bambo, munthu amene anadya mbewa moyo wake wonse! Kodi zikanamusiya?

Choipitsitsa, kathabwa ka pa loko kanatsala, pakuti bambo anali aafupi. Pamenepo ndi pamene pankathera njira yoyera ija, pachipata cha Zungwala. Filimoni anakaponya pa nkhuni za pamaliro. Ndinakalanditsa katayamba kale kupsa m'mphepete, ndipo chipsera chili pachalachi ndi chomwecho.

Ndiye zaka zonsezi bambo anga akungozungulira, chipata osachiona, pamene wodula njirayo akunenepa ndi tiyi wa ku komboni ya Nabvutika. Mukuseka? Sekani, nanenso ndimaseka, koma ndikamva mabingu ndimadziwa kuti ndi a Zakeyo akugogoda pakhomo lolakwika.

Tsono ana anga, munthu wamkulu akakuonetsani chinthu chake, ngakhale chioneke chopusa, muzifunsa musanatenge sowo. Kathabwa kaja kali pansi pa bedi langa, m'nsalu yobiriwira. Tsiku langa likafika mudzakaike pachifuwa panga, penti kuyang'ana kumwamba, ndikawapatse eni ake. Ndipo Filimoni akadzakhala alipobe, mudzampatse mpando ndi tiyi. Hamala musadzampatse.