Gundula Terhorst Wasiya Kukuwa

Akuluakulu a wailesi yakanema, mayi Femke Dallmann amene mumatsogolera sewero lathu, anzanga a kutsogolo ndi kuseri kwa kamera, a Silke ndi banja lonse la a Terhorst, zikomo pobwera ngakhale kunja kukugwa mvula yozizira chonchi.

Amene simundizindikira ndikavula chipewa cha wophika buledi, ndine Ottmar Wiese. Ndakhala mwamuna wa a Gundula pa kanema nthawi yaitali, moti mkazi wanga weniweni adasiya kuchita nsanje. Adayamba kundimvera chisoni.

Ndidawaona koyamba ku Rostock, tonse tili ana. Inali filimu ya anthu okhoma zombo. Iwo adapatsidwa mawu awiri okha: "Khofi wapsa!" Atawatulutsa, wojambula mawu adavula zomvera zake n'kuziponya pansi. Mkulu wa filimuyo adati, "Mtsikana iwe, tikujambula filimu, sitikuitana sitima ili pakati pa nyanja!"

Iwo osaphethira n'komwe: "Nanga ogontha saonera filimu?"

Za anyezi nonse mukuzidziwa. M'mawa uliwonse banzi lopaka nyama yankhumba yaiwisi, anyezi mbwee pamwamba. Tsiku loti tipsompsonane pa kamera, anyeziyo ankaonjezera dala. Ndikadandaula ankati, "Iwe Ottmar, thokoza. Anzako amaivutikira misozi imeneyo."

Sekani ndithu. Zoseketsa zathera pomwepa.

Khoma la Berlin litagwa tidavina mumsewu. Sipadapite nthawi, foni ya a Gundula idasiya kulira. Munthu amene nkhope yake inali pa zikwangwani kuchokera ku Rostock mpaka ku Dresden ankauzidwa m'maofesi atsopano kuti, "Pepani mayi, tikulembeni ndani?" Amuna awo, a Reinhold, adamwalira m'zaka zomwezo, mwana wawo Silke akadali pasukulu. Mayi awa adalowa m'kachipinda kopanda zenera, kumalankhula Chijeremani m'malo mwa akazi a m'mafilimu akunja. Nkhope za eni, mawu awo. Akaitanitsa batala m'sitolo, anthu ankacheuka msanga, kuwayang'anitsitsa, n'kubwerera ku zogula zawo.

Sadadandaulepo kwa ine. Ankangoti, "Bola mmero ukugwira ntchito."

Kenaka lidabwera sewero lathuli la kubekale, dziko n'kuwakumbukanso.

Chaka chatha mawu adayamba kusasa. Ife tinkati chimfine. Iwo ankati ndi fodya wa pautsikana akubwezera. Dokotala adapeza chotupa pammero.

Amene simunalipo tsiku lojambula gawo lawo lomaliza, mverani. Olemba adawakonzera mawu ataliatali otsanzikana ndi ine, mwamuna wawo, titatseka bekale. Adayesa. Kunkangotuluka mpweya. Adamwa madzi, adayesanso. Mayi Dallmann, ndi mtima wabwino ndithu, adati, "Mungoyendetsa milomo, mayi Terhorst. Tipeza wina adzalankhule m'malo mwanu."



A Gundula adawakodola, nawanong'oneza. Ine ndinali pafupi, ndidamva: "Mwanawe, ndabwereka akazi ambiri mawu anga. Ine wina asandibwereke ake."

A Gundula adati tijambule popanda mawu. Kamera itayamba, adavula epuloni, adaipinda bwinobwino, adasasa ufa m'manja, n'kundiyang'ana. Basi. Mayi Dallmann adaiwala kuimitsa kamera. Wa magetsi uja, Burkhard, chimunthu chonsecho, adatuluka panja kuti akasuta. Burkhard sasuta.

A Gundula, zikomo. Zikomo chifukwa cha atsikana onse amene mudawagwira dzanja tsiku lawo loyamba. Zikomo chifukwa chokalipira mabwana pamene ife tinkayang'ana pansi. Zikomo kuti mudakalamba poyera, pa kamera, osabisa khwinya, m'ntchito imene imafuna kuti mkazi akakula azimiririka mwakachetechete.

Sindinama kuti lero ndi chikondwerero. Lachiwiri lino akulowa m'chipatala ku Berlin. Madokotala sadabise: moyo akhoza kuupulumutsa, mawu ayi. Akatuluka, Silke akuwatengera ku Stralsund, kukachipinda koyang'ana kudoko. Mukapume kumeneko, mnzanga. Mukagone mpaka dzuwa likwere, popanda wogogoda kuti tikuyamba. Ndizibwera pa sitima, muzindipirira ndikulankhula ndekha.

Mwambo umati wotsanzikidwa ayankhepo. Lero ayi. Ndakuonani mukufuna kudzuka, khalani pansi. Mawu otsalawo si athu. Mukamuuze nawo mwana wanu zonse zimene mukufuna kumuuza Lachiwiri lisanafike.

Phokoso tichita ndife. Imirirani nonse, ndi mabwana omwe.

M'manja!