Mmene bonongwe wa ku Brixton anapulumutsira chinkhoswe changa

Abale ndi alongo mwa Ambuye, a kuno ku London ndi akumudzi amene muwerenge izi magetsi akayaka, landirani moni. Dzina langa ndine Limbani. Ena amachitira umboni za matenda amene anachira, ena za mapepala okhalira kuno amene anatuluka atataya kale mtima. Wanga ndi wochititsa manyazi kuposa umenewo. Kwa miyezi ingapo ndinkadziwika mumpingo mwathu ngati mwamuna wodzigulitsa kwa azimayi achizungu, ndipo chinkhoswe changa chinatsala pang'ono kufera pomwepo. Ndikupemphani muwerenge mosaseka, chifukwa ine sindinaseke.

Ndinabwera kuno kudzaphunzira zowerengera chuma pa yunivesite ina cha ku Greenwich. Ndisanafike pakati, ine ndi manambala tinagwirizana mwamtendere kuti aliyense ayendere yake. Mumpingo mwathu ku Lewisham ukaponya mwala ugenda nesi, ukaphonya ugenda wosamalira okalamba amene akuphunzira unesi. Wosiyira sukulu panjira ndinali ndekha, ndipo moni umene ndinkalandira unali wofewa ngati wopatsa namfedwa.

Ntchito imene ndinapeza ndi iyi. Ku Brixton, kumene anthu akuda ochokera ku Jamaica ndi zilumba zina anakhazikika nkhondo yachiwiri ya dziko lonse itatha, kuli kakampani koyendetsa alendo wapansi. Alendo amandipeza pakhomo pa siteshoni nditakweza ambulera yachikasu, ngakhale kunja kulibe mvula, kuti asandisowe m'chigulu. Ndimawalowetsa mumsika, kuwalawitsa zakudya apa ndi apo, ndi kuwafotokozera mbiri ya misewu imene tikuponda. Ambiri amakhala azimayi opuma pantchito, chifukwa ndiwo ali ndi nthawi masana. Ntchitoyi ndinkaikonda ndikakhala ku Brixton, koma ndikangokwera basi yobwerera manyazi ankakwera nane. Mwana wotumizidwa ku England kukaphunzira, n'kumapezeka akutsogolera agogo a eni ake ndi ambulera. Wondifunsa ntchito ndinkangomuyankha kuti ndili m'zokopa alendo, n'kumufunsa za ana. Ngakhale Thoko, bwenzi langa, amenenso ndi nesi, ndinkamukaniza kubwera kudzaona.

Thoko analeredwa ndi azakhali ake, Mayi Mwale, nesi wamkulu amene anafika kuno ambirife tisanadziwe mtundu wa pasipoti. Amalume ake ali ku Dedza, koma asanayankhe chilichonse amayamba amva kuti Mayi Mwale akuti chiyani. Chinkhoswe anali atavomera, ngakhale kuti anavomera ndi nkhope ya munthu womeza kwinini.

Lamlungu lina titaweruka tinali pa tiyi m'holo. Kunabwera a Sakala, m'bale wathu wa ku Zambia amene amayendetsa basi yodutsa ku Brixton, munthu wamtima wabwino ndi mawu aakulu. Anandigwira paphewa pamaso pa amayi onse, nati, "Amai Mwale, mwapeza mwamuna wa nchito. Uyu masiku onse nimamuona mu Brixton, ayenda na bazimai bachizungu. Lelo aba, mailo benangu. Na ndalama bamamupasa."

Kwa abale athu a ku Lusaka, kuyenda ndi munthu ndi kuponda naye msewu basi. Kwathu mukudziwa nokha tanthauzo lake. M'holo yonse masupuni analeka kutakasa shuga. A Sakala anaganiza kuti anthu sakuwakhulupirira, choncho anawonjezera umboni: "Zoona. Nthawi zina bankhala bambili pa nthawi imozi, koma salema."

Apa ndi pamene nkhope yanga inandipereka. Ine nthabwala ndimanena ngati chilengezo cha maliro, ndipo anthu anazolowera kuti chimene ndanena modekha n'chabodza. Ndinati, "Mayi, ndimangowaonetsa malo ndi kuwadyetsa." Bambo wina kumbuyo anatsamwa ndi tiyi. Mayi Mwale anaika kapu pansi, natenga chikwama chawo, natuluka.

Nkhani inafika mpaka ku Edmonton, kumpoto kwa London, osakwera sitima. Amuna pagulu lathu la pafoni anayamba kundifunsa ngati kuntchito kwanga kuli malo. Amayi anga anaimba foni kuchokera ku Zomba akulira, nati ngati ndi njala ndibwerere tizikadya madeya limodzi. A Sakala, anthu atawamasulira zimene ananena, anazungulira aliyense kukonza, koma anthu anati mwamuna mnzake akumubisira. Uthenga unapita ku Dedza kuti chinkhoswe chiyambe chaima.

Thoko anandikhulupirira, koma mawu ake anandilasa kuposa miseche. Anati, "Ndikuteteze bwanji pa ntchito imene iwe mwini umaibisa ngati mimba ya pasukulu?" Anayesa kuwafotokozera azakhali ake, iwo n'kuyankha kuti chikondi chimatseka maso, ndipo wothawa sukulu salephera kuthawa zina. Anandiuzanso mosabisa kuti sangalowe m'banja modumpha munthu amene anamulera. Sindinamutsutse.

Kutchalitchi ndinasiya kupita. Ndikaona chitenje pamalo ogulira zinthu ku Lewisham ndinkakhotera mushopu iliyonse, mpaka tsiku lina ndinapezeka ndikufunsa mitengo ya ngolo zoyendetsera makanda. Chimene chinkandiwawa kwambiri si bodzalo. N'chakuti anthu sanavutike kulikhulupirira. Ndinazindikira kuti m'maso mwawo ndinali kale munthu woti angachite chilichonse, ndipo m'maso mwanga momwe sizinali zosiyana kwenikweni.

Ndinapemphera ndili m'basi, m'chipinda chapamwamba, mutu nditautsamiritsa pagalasi. Ndinati, Ambuye, inu mukudziwa kuti chimene ndimagwira pa azimayi aja ndi chigongono pokwera masitepe basi. Ndichotsereni chitonzochi. Koma chonde chitani mwakachetechete, pasapezeke Mmalawi wondiona ndi ambulera ija. Pempho loyamba Mulungu analimva. Lachiwiri analikana, ndipo m'pamene pagona umboni wanga.

Ndinali nditaganiza zosiya ntchitoyo kuti ndikafunefune ya kosamalira okalamba, mwina ndingaoneke ngati munthu. Loweruka limene ndinkati likhale lomaliza, ndinaima pa siteshoni n'kukweza ambulera. Alendo anga anasonkhana, azimayi a imvi ovala nsapato zothamangira. Nditakweza maso kuti ndiwalonjere, ndinaona kumbuyo kwawo kuli a Sakala atavala suti, ndipo pambali pawo Mayi Mwale, atapinda manja pachifuwa, jasi atalimanga mpaka m'khosi.

A Sakala anandinong'oneza kuti, "Ndine n'naononga, ndine nizakonza. Nabauza baone na menso." Kenako anabwerera kumbuyo ngati munthu amene watula maliro pakhomo.

Abale, ambulera inalemera. Ndinafuna kuitsitsa n'kulowa m'sitima yapansi panthaka, koma alendo anali akundiyang'ana. Ndinayamba. Nthabwala zimene zimaseketsa masiku onse zinkangogwa pansi ngati mango osapsa. Pamalo oyamba tinalawa pati, chakudya chofanana ndi samusa koma chachikasu, cha nyama ya tsabola m'kati. Nditawapatsira Mayi Mwale, anayang'ana kumbali nati adya kale.

Tinafika pamsewu wa nyumba zakale zogundizana. Ndinafotokoza kuti anthu akuda oyamba atafika kuno, m'mawindo munkakhala zikwangwani zonena kuti chipinda chilipo koma osati cha munthu wakuda. Mabanki nawonso ankawakana, choncho ankachita chipereganyu, wina n'kugula nyumba, n'kusunga anzake mpaka nawo atagula zawo. Pofotokoza zimenezi ndinaiwala pang'ono kuti ndikuzengedwa mlandu. Nditacheuka ndinaona kuti Mayi Mwale asendera kutsogolo, ngakhale manja anali chipindire.

Kenako tinalowa mumsika, pamalo a Anti Velma, mayi wachikulire wa makolo a ku Jamaica amene amaphika ndiwo zamasamba zotchedwa kalalu pamodzi ndi nsomba ya mchere. Pamenepo ndimanena nkhani ya amayi awo, chifukwa anandiloleza okha. Amayiwo anabwera kuno kudzagwira unesi ali mtsikana. Odwala ena ankakankha dzanja lawo, amati asawakhudze, ena ankawafunsa ngati khungulo limachoka posamba. Akaweruka ankakathyola masamba amenewa kuseri kwa nyumba, kumene anawadzala ndi mbewu yobwera nayo m'thumba la jasi, n'kuphika, n'kudya, mawa n'kubwerera kukasambitsa anthu omwewo.

Ndisanamalize ndinamva mawu kumbuyo kwanga, m'Chingerezi chodekha cha muwodi. Anali Mayi Mwale. Anati nawonso zinawachitikira, osati kalekale ayi. Bambo wina amene ankamusambitsa m'mawa uliwonse ankawalavulira, ndipo atamwalira ndi iwo amene anamutseka maso chifukwa ana ake sanabwere. Alendo onse anatembenuka. Anti Velma anatuluka kuseri kwa mapoto, napukuta manja, nawagwira Mayi Mwale dzanja. Ine ndinangoima ndi ambulera yanga ngati mlonda. Ndinali ndisanamvepo nkhani imeneyi, ndipo Thoko anandiuza pambuyo pake kuti nayenso anali asanaimve.

Anti Velma anawapakulira m'kambale. Ulendo uno Mayi Mwale sanakane. Analawa, natafuna pang'onopang'ono, nayang'ana m'mbalemo, kenako anandiyang'ana ine.

"Iwe, uyu si bonongwe uyu?"

"Ndi yemweyo, mayi."

"Ndiye anthu onsewa akwera sitima kudzadya bonongwe?"

"Eya, mayi. Ena amamujambula kaye."

Anamaliza m'mbale monse. Atapatsidwa chakumwa chofiira chimene a ku Jamaica amachinyadira kwambiri, ananunkhiza nati, "Ichinso n'chidede." Ulendo wonse wotsalawo anayenda pambali panga, akuuza alendo mayina a kwathu a chilichonse chimene tinadutsa, chinangwa, therere, nthochi zophika, ndipo alendo ankawabwereza molakwitsa mosangalala.

Titabwerera pa siteshoni alendo n'kubalalika, anandifunsa kuti, "Zimenezi umawauza anthu tsiku lililonse?" Ndinavomera. "Nanga bwanji sunanene?" Ndinati ndinanena. Iwo anati, "Unanena ndi nkhope yakoyo." Kenako anawonjezera kuti, "Ine ndakhala m'dziko muno zaka zonsezi osadziwa kuti njira imene ndinadutsa ena anailambula kale. Iwe ukudziwa, n'kumabisa. Manyazi ako anali pamenepo, osati pa ambulera."

Akuluakulu sapepesa ndi pakamwa. Lamlungu lotsatira Thoko anandibweretsera katoni yochokera kwa azakhali ake. M'kati munali nsapato zolimba zosalowa madzi, ndi uthenga wapakamwa wakuti zimene ndinavala ku Brixton zinawachititsa manyazi pamaso pa alendo. Madzulo ake Mayi Mwale anaimba foni ku Dedza. Kutchalitchi sanalengeze chilichonse, anangouza amayi awiri oyenera, ndipo nkhani yabwino inayenda njira yomweyo imene inayenda yoipa, ngakhale kuti inayenda pang'onopang'ono.

Ntchito sindinasiye. Chinkhoswe chinachitikira m'holo yomwe ija. Itafika nthawi yobweretsa atsikana ofundidwa zitenje kuti mwamuna asankhepo wake, Mayi Mwale anatenga maikolofoni nati, "Tione ngati pa akazi onsewa amudziwa wake." Anthu anaseka mpaka ena kugwira m'mimba, a Sakala anabisa nkhope m'manja. Woyamba ndinamukana, wachiwiri ndinamukana, pamaso pa mpingo wonse ndi amalume a ku Dedza amene ankaonera pafoni. Wachitatu ndinamudziwira kumapazi, chifukwa ndi mapazi a munthu amene amaima tsiku lonse muwodi.

Ndikuthokoza Mulungu amene sanandipulumutse mobisa monga ndinapemphera, koma anandiimika pamsewu ndi chinthu chimene ndinkachita nacho manyazi chili m'mwamba. Ndikuthokoza a Sakala, amene pakamwa pawo panandigwetsa koma miyendo yawo inandidzutsa. Ndikuthokoza Thoko chifukwa chondidikira popanda kundinyengerera.

Kwa iwe amene sukulu inakukanika, kapena umagwira ntchito imene suitchula dzina anthu akakufunsa, usathawe mpingo ndipo usaleke kupemphera. Pirira. Ngati ntchitoyo ndi yoyera, inene yonse, momveka, anthu asanakuthandize kuimasulira. Ulemerero ukhale kwa Mulungu. Ameni.