Mwezi Wobisika wa Olemba Phiri

Kale, ana anga, tikuthyolabe tiyi popanda nsapato, m'munsi mwa phiri lino munali kagulu kotchedwa Olemba Phiri, ndipo ine amene mukundiona ndatsamira ndodo pano ndinali mmodzi wa iwo. Inu lero mukamaperekeza alendo kumtunda mumayang'ana mapu a pafoni, koma athu anali pachikopa cha mbuzi, olembedwa ndi makala ndi katondo, ndipo amene anayamba kuwalemba ndi makolo athu aja anachoka ku Mozambiki atasenza mbewu ya kalongonda pamutu.

Pachikopapo panali njira, akasupe ndi makwawa onse, koma m'mphepete mwake munali miyezi yathu, pakuti za Januwale ndi Febuluwale tinkasiyira a kuofesi. Tinali ndi Mwezi wa Nkhungu, Mwezi wa Njuchi, Mwezi wa Akasupe Olira, mpaka kukwana khumi ndi iwiri, ndipo uliwonse unali ndi chigwa chake chimene tinkayendamo osadya mchere, osathyola ngakhale kanthambi, kuti tione chimene chasintha n'kukachilemba. Panalinso wina, Mwezi Wobisika, wobwera pakapita zaka zitatu, ndipo pa umenewo tinkatsata mitsinje yakufa, imene inaphwa agogo athu asanabadwe. Aliyense polowa ankalumbira kuti chikopacho sadzachionetsa kwa wakunja. Mtsogoleri wathu anali a Namakhwa, mayi wamfupi wosakonda zolankhula, amene masana ankathyola tiyi ngati wina aliyense.

Tsono chaka china eni esiteti imene ndinkagwirako ukalipentala anafuna kumanga nyumba za antchito pachidikha china chosalala bwino, ndipo anaitanitsa woyeza malo wochokera ku Blantyre, bambo Mbewe. Nyumba yachitatu pamzerepo inali yoti ndilowemo ine ndi mayi akunyumba, amene apo n'kuti ali oyembekezera. Nditaona pamene akhoma zikhomo, ndinakumbukira kuti pa Mwezi Wobisika wapitawo ndinali nditayenda pomwepo, ndipo pachikopa panali mzere wofiira wa mtsinje wakufa wodutsa pakati penipeni pa chidikhacho.

Ndinawauza akapitawo, koma anandiseka, nandichenjeza kuti ndikapitiriza kuopseza anthu ntchito indithera. Ndinapita kwa a Namakhwa kukapempha kuti tingowaonetsa bambo Mbewe chikopacho, ndipo kunena zoona ndinalankhula mwaukali kuposa mmene mwana amayenera kulankhulira kwa mayi.

"Lumbiro silimasuka chifukwa choti wina wachita mantha," anatero. "Koma kodi amene analemba mzerewo anauona pachikopa? Katengeni makasu."

M'mawa mwake tinapita anthu asanu, ndipo bambo Mbewe, amene anali munthu waulemu, anatilola kukumba pa chikhomo chawo chimodzi mpaka dzuwa lifike paliwombo. Tinakumba kufika m'mawondo, dothi lokhalokha. Tinafika m'chiuno, dothi lomwelo, ndipo anthu anali atasonkhana akutifunsa ngati tikufuna mbewa. Musaganize kuti ine sindinakayike. Ndinakayika, ndipo ndinali nditayamba kale kuganiza za komwe ndikafune ganyu. Koma dzenje litafika m'chifuwa khasu linalira, ndipo kunatuluka mchenga, kenako miyala yobulungira, yosalala ngati mazira, imene imapezeka mumtsinje mokha. Pansi pa miyalayo panali mphero yovundikira ndi mapale a mbiya.

Kuseka kunatha. Bambo Mbewe analowa m'dzenjemo ndi thalauza lawo lositasita, natola phale limodzi, n'kufunsa kuti eni ake anali ndani.

"Anali anthu amene anaona kusalala kwa malo ano monga mwaonera inu, bambo," anayankha a Namakhwa. "Madzi saiwala khwawa."

Zikhomo bambo Mbewe anazula okha, ndipo anakangana ndi eni esiteti masabata angapo mpaka nyumba zinamangidwa pamtunda. Sizinakomere onse ayi, chifukwa kumadzi kunatalika, ndipo ngakhale mayi akunyumba ankandinena tsiku lililonse akamakwera chitunda ndi ndowa pamutu, mwana kumbuyo.

Dzinja lachinayi, mvula itagwa masiku atatu osakata, phiri linabangula chakumasana ndipo napolo anatsika. Tinaima pamtunda paja tikuona matope ndi mitengo zikusefukira pachidikha chija, ndipo pamene pakanakhala khonde langa panatsala thanthwe lalikulu ngati lole, limene mumalidutsa popita kuchigayo. Tinaitanana mayina khomo ndi khomo, ndipo aliyense anavomera.

Patapita masiku bambo Mbewe anabwera, nawapeza a Namakhwa m'munda wa tiyi dengu lili kumsana, ndipo pamaso pa mabwana onse anavula chipewa n'kugwada. Mayi aja anawayang'ana pang'ono, kenako anawapempha mwaulemu kuti asunthe, poti anagwada pamzere umene anali asanathyole.

Lero tatsala atatu, ndipo miyendo yatha. Foni zanuzo sindikuzinyoza, zisungeni, koma zimangoonetsa phiri mmene lilili lero. Tsono mukadzapeza malo oti mumangepo, musanaombe njerwa, kapezeni nkhalamba ya pamenepo, mukhale nayo pansi, muifunse modekha kumene madzi ankadutsa iyo isanabadwe. Mkazi wanu akadzadandaula za chitunda, mulandireni ndowayo.