Mlatho Womva Zoona

Kodi mukuganiza kuti ndani analimbitsa mlatho watsopano wa ku Chibanja ndi mawu a pakamwa pake? Mayi Esme Manda anali pasiteji pamene bambo wina, atanyamula mwana wodwala, anakana kukwera minibasi yodutsa pamlathowo.

"Ine sindiwoloka, amama. Woyamba uja unagwa ndikuona."

"Unagwa chifukwa katswiri wa mawu ananama, adada. Simenti imauma malinga ndi zimene ikumva. Mukaiuza zoona imalimba, mukainamiza imang'aluka. Iye uja anaima pamenepo n'kumatamanda kontirakita kuti sanabepo chiyambire."

"Nanga watsopanoyu? Akuti ndi kamtsikana."

"Katswiri wa digiri, osati kamtsikana. Analankhula kuyambira m'mawa mpaka simenti itagwira, osapuma. Za m'mabuku zitamuthera, anayamba za kwawo. Anaulula kuti mayeso a Fomu 4 analephera kawiri. Anaululanso kuti usipa umene mayi ake ankagulitsa kuti amuphunzitse nthawi zina unali wadzana, koma iwo ankauza anthu kuti wangofika kumene kuchokera ku Nkhata Bay."

"Pagulu? Mayiwo sanafe ndi manyazi?"

"Anawagwira chomene. Koma malole a matabwa akudutsapo tsiku lililonse, ndipo mng'alu palibe. Kwerani, mwanayu akaonane ndi dokotala."

Bamboyo anaponda pakhomo la minibasi, kenako anacheuka.

"Yewo, amama. Koma munthu wosabisa chonchi ndi mwana wa yani?"

"Ndi Tumbikani Manda, mwana wanga woyamba."